Ana a Seminale ya pa Mua

Anthu ambiri akamva dzina la Mua amaganiza za zosemasema zokongola, za nyumba yosungiramo zinthu zakale ya Chamare, kapena za chipatala chimene chakhala chikuthandiza anthu a ku Mtakataka, ku Golomoti ndi m'midzi ina ya kunsi kwa mapiri a Dedza. Ndi ochepa amene amadziwa kuti pamalo omwewa panabadwira sukulu imene inkaphunzitsa anyamata akumudzi Chilatini zaka zoposa 50 Yunivesite ya Malawi isanalandire ophunzira ake oyamba mu 1965. Sukuluyi inali seminale yaing'ono ya Mpingo wa Katolika. Pambuyo pake inasamukira ku Kasina, ndipo amene ankamaliza kumeneko ankapitiriza maphunziro awo ku Kipalapala m'dziko la Tanganyika, kenaka ku Kachebere m'boma la Mchinji. Njira imeneyi, yochokera pa Mua kudzera ku Kasina mpaka ku Kachebere, inatulutsa anthu amene anasiya mapazi awo m'mbiri ya Malawi ndi Zambia. Anayiyambitsa ankafuna ansembe omvera, koma popeza anawaphunzitsa kuganiza mozama, anakolola anthu odziwa kufunsa mafunso, ngakhale kwa aphunzitsi awo omwe ndi kwa olamula dziko.

Ansembe a chipani cha White Fathers, chimene chinayambitsidwa ndi Charles Lavigerie ku Algeria mu 1868, anayesa koyamba kukhazikika m'dziko muno mu 1889 kwa Mfumu Mponda ku Mangochi. Ntchito yawo kumeneko siinaphule kanthu, ndipo mu 1891 ananyamuka kulowera kumpoto, ku dziko la Amambwe. Anabweranso mu 1902. Mu Seputembala chaka chimenecho Bambo Louveau, Bambo Perrot ndi Bulaza Wilfrid anamanga tenti yawo pafupi ndi mtsinje wa Nadzipokwe pa Mua, m'dera limene Angoni a Kachindamoto ankalamulira Achewa. Mishoni zina zinatsatira msanga: Likuni ndi Kachebere mu 1903, Mtakataka mu 1908 ndi Bembeke mu 1910. Pofika nthawiyi amishoni a ku Scotland anali atakhala kale ku Livingstonia ndi ku Blantyre zaka zoposa 25, ndipo a Dutch Reformed anali atazika mizu ku Mvera ndi ku Nkhoma. Akatolika anafika mochedwa, ndipo anadziwa kuti azungu ochepa, amenenso malungo ankawagwetsa kawirikawiri, sangathe kufikira midzi yonse.

N'chifukwa chake Ambuye Mathurin Guillemé, amene anakhala episkopi wa dera lonseli mu 1911, anatsegula seminale yaing'ono pa Mua mu 1912. Maganizo ameneawa sanali a iwo okha. Lavigerie anali ataphunzitsa ophunzira ake kuti ntchito yokhalitsa idzagwiridwa ndi anthu a mu Africa eni ake, ndipo Apapa awiri, Benedict XV mu 1919 ndi Pius XI mu 1926, analemba makalata olamula amishoni kuti asule ansembe a mbadwa, ndi kuti maphunziro awo asachepere konse a ansembe a ku Ulaya. Lamulo lachiwirili ndilo linapatsa seminale chikhalidwe chake. Sukulu zambiri za m'midzi nthawi imeneyo zinkalekezera pa kuwerenga, kulemba, masamu ophweka ndi katekisimu. Boma la atsamunda ndi eni minda ya fodya ndi tiyi ankafuna makalaliki, akapitawo ndi amisiri basi. Koma mwana wa ku seminale anayenera kudutsa m'maphunziro omwewo amene mnzake wa ku France ankadutsamo.

Kodi ankaphunzira chiyani? Pachimake panali Chilatini, chifukwa Misa inkachitika m'chiyankhulo chimenechi, ndiponso mabuku a maphunziro apamwamba a unsembe analembedwa m'Chilatini momwemo. Panalinso Chingerezi, masamu, mbiri yakale, maphunziro a maiko ndi nyimbo. Belu ndilo linkagawa tsiku: kupemphera, kuphunzira, kulima m'munda, kudya, kusewera ndi kugona. Wofika ku seminale yaikulu ankayamba ndi filosofi, ndiko kuti maphunziro a kaganizidwe kozama. Kumeneko ankaphunzira kusiyanitsa mfundo yoona ndi mfundo yongooneka ngati yoona, kumva bwino mawu a wotsutsana naye asanamuyankhe, ndi kufufuza chimene chimapangitsa lamulo kukhala lachilungamo. Kenaka ankalowa m'maphunziro a zaumulungu, a Malembo Oyera ndi a malamulo a Mpingo. Maphunziro otere sankaphunzitsa munthu luso limodzi loti akadyere ayi. Ankanola mutu wonse monga momwe mlimi amanolera nkhwangwa asanadziwe mtengo umene akadule. Tikumbukire kuti sukulu ya sekondale yoyamba m'dziko muno inatsegulidwa ku Blantyre mu 1940, ya Akatolika ku Zomba mu 1942, ndipo ya boma ku Dedza mu 1951. Motero kwa zaka zambiri mnyamata wa Chikatolika wa m'chigawo chapakati wofuna maphunziro ozama analibe khomo lina loposa la seminale.

Komatu khomo limeneli linali lopapatiza. Dera la Mua linali chimake cha Nyau, ndipo m'zaka za m'ma 1920 mkangano pakati pa dambwe ndi sukulu za mishoni unafika povuta zedi. Akuluakulu a m'midzi ankaona kuti sukulu ikuwalanda ana, pamene ansembe ankaona Nyau ngati mdani wa chikhulupiriro. Wolemba mbiri wina, Ian Linden, anafotokoza mkanganowu mwatsatanetsatane m'buku lake la mu 1974. Panalinso vuto lina lalikulu. Pakati pa Achewa mwana ndi wa mbumba, ndipo malume ake ankayembekeza kuti mnyamata akakula adzakwatira, adzalima ndi kusiya mbewu. Kumva kuti mwanayo adzakhala wosakwatira moyo wake wonse kunali ngati kumva za maliro. Ena mwa anyamatawo ankaitanidwa kumudzi, ena ankalephera Chilatini, ena ankatopa ndi malamulo okhwima, ndipo ena ankabwezedwa ndi aphunzitsi awo. Seminale itasamukira ku Kasina, kumtunda kozizira, m'zaka zomwezo za m'ma 1920, inali isanatulutsebe wansembe ngakhale mmodzi. Pamenepo n'kuti Blantyre itadzoza kale Harry Kambwiri Matecheta mu 1911, Livingstonia itadzoza abusa ake atatu oyamba mu 1914, ndipo Nkhoma itadzoza Andreya Namkumba ndi Namon Katengeza mu 1925.

Akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha. Chipatso choyamba chinapsa patatha zaka 25 chitsegulire seminale, ndipo chinali cha pa Mua pomwepo. Cornelio Chitsulo anabadwa m'dera la Mua mu 1909. Atamaliza seminale yaing'ono anatumizidwa ku Kipalapala, pafupi ndi Tabora, kumene White Fathers ankasonkhanitsa ophunzira ochokera m'maiko angapo. Tangoganizani mnyamata wa kunsi kwa Dedza akukhala zaka zambiri pakati pa anthu oyankhula Chiswahili, kutali ndi amayi ake, akuwerenga mabuku a Chilatini, pomwe kwawo kunalibe munthu ndi mmodzi yemwe amene anayendapo njira imeneyo kuti amulimbitse mtima. Pa 5 Seputembala 1937 anadzozedwa unsembe, nakhala wansembe woyamba wa Katolika wobadwira m'Nyasaland. Chaka chotsatira Alfred Finye ndi Andrea Makoyo anadzozedwa m'chigawo chakummwera. Kuyambira pamenepo palibenso amene akanati mwana wa m'dziko muno sangathe maphunziro a unsembe.

Mu 1956 Roma anadula dera latsopano la Dedza, nasankha Bambo Chitsulo kuti aliyang'anire. Anadzozedwa uepiskopi mu Meyi 1957, nakhala episkopi woyamba wachimalawi, patatha zaka 18 kuchokera pamene Joseph Kiwanuka wa ku Uganda anatsegula njirayi mu 1939. Tikaganizira nyengo imene izi zinachitika, tiona kulemera kwake. Dziko linali m'Chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland, ndipo olamula ankanenetsa kuti munthu wakuda sanakhwime poti n'kutsogolera. Koma ku Bembeke munthu wakuda ankapereka malamulo kwa ansembe achizungu, iwo namvera. Mu Epulo 1959, patangotha mwezi umodzi boma litamanga atsogoleri a Nyasaland African Congress, Dedza inakhala dayosizi yoima payokha. Ambuye Chitsulo anakhala nawo pa Msonkhano Waukulu Wachiwiri wa ku Vatican, umene unachitika kuyambira 1962 mpaka 1965, ndipo msonkhano umenewu ndiwo unalola kuti Misa izichitika m'ziyankhulo za anthu. Munthu amene anavutikira Chilatini ubwana wake wonse anaona akhristu a pa Mua akupemphera Misa m'Chichewa. Anatsogolera dayosizi ya Dedza mpaka imfa yake mu 1984.

Ulendo wautali wa ku Kipalapala unatha mu 1939 pamene seminale yaikulu inatsegulidwa ku Kachebere, pa malire enieni a Nyasaland ndi Northern Rhodesia, pakati pa Mchinji ndi Chipata, matauni amene nthawi imeneyo ankatchedwa Fort Manning ndi Fort Jameson. Malowa anali oyenera, chifukwa malire a atsamunda anadula pakati anthu amodzi, Achewa ndi Angoni a Mpezeni, oyankhula chiyankhulo chimodzi. Ku Kasina kunkabwera anyamata a m'chigawo chapakati pamodzi ndi a kum'mawa kwa Northern Rhodesia, ndipo ku Kachebere ankakumana ndi anzawo ochokera ku Nankhunda ku Zomba, kumpoto kwa Nyasaland ndi kudziko la Abemba. Mpaka pamene seminale ya St. Peter's inatsegulidwa ku Zomba mu 1977, pafupifupi wansembe aliyense wachimalawi ankadutsa pa Kachebere. Anyamata a mitundu yosiyana ankadyera mbale imodzi ndi kutsutsana pa mfundo m'kalasi imodzi, maiko awo asanalandire ufulu.

Mwa onse amene anayenda njirayi, woganiza mozama koposa mwina anali mwana winanso wa pa Mua, Patrick Augustine Kalilombe, wobadwa mu 1933. Anaphunzira ku Kasina ndi ku Kachebere, kenaka analowa chipani cha White Fathers, nakhala Mmalawi woyamba kutero. Anapitiriza maphunziro kumpoto kwa Africa, ku Algeria ndi ku Tunisia, nadzozedwa unsembe mu 1958. Pambuyo pake anakazama m'maphunziro a Malembo Oyera ku Roma. Atabwerako anaphunzitsa ku Kachebere komwe anaphunzira, ndipo mu 1968 anakhala mkulu wa seminaleyo. Mu 1972 anadzozedwa kukhala episkopi wa Lilongwe m'malo mwa Ambuye Joseph Fady, pa nthawi imene likulu la dziko linali pafupi kusamukira mumzindawo kuchoka ku Zomba.

Funso limene linkamusowetsa tulo linali lakuti: kodi Mpingo ndi wa yani? Anaona kuti akhristu ambiri ankauona ngati wa ansembe, ndi kuti ndalama, maganizo ndi antchito zinkachokera kunja. Parishi imodzi inkakhala ndi midzi yambirimbiri, moti wansembe ankafika kumidzi ina kangapo kokha pachaka. Mu 1973 Ambuye Kalilombe analembera akhristu a dayosizi yawo kalata yofotokoza Mpingo wodzitumikira wokha, wodzifalitsa wokha ndi wodzidalira pa chuma. Kuyambira chaka chimenecho mpaka 1975 anachititsa zokambirana m'dayosizi yonse, kuyambira kumidzi mpaka kulikulu, kuti anthu wamba anene maganizo awo. Kumeneko kunachokera miphakati, timagulu ta mabanja oyandikana tosonkhana kuwerenga Mawu a Mulungu, kuyendera odwala, kuthandizana pa maliro ndi kukambirana mavuto a pamudzi. Aepiskopi a maiko a kum'mawa kwa Africa, m'bungwe lawo la AMECEA, anagwirizana mu 1976 kuti timagulu totere tikhale maziko a ntchito yawo. Lero mkhristu wa Katolika wopita kumphakati, kapena kulimana monga amanenera m'madera ena, amaona ngati zimenezi zinalipo chiyambire, osadziwa kuti panali munthu amene anazivutikira.

Kuvutikako kunabwera motere. Kuyambira 1966 Malawi linali dziko la chipani chimodzi, ndipo mu 1971 Dr. Hastings Kamuzu Banda anakhala Pulezidenti wamuyaya. M'midzi munali nthambi za Malawi Congress Party, za amayi ndi za achinyamata, ndipo gulu lina lililonse losonkhanitsa anthu linkakayikiridwa. A Mboni za Yehova anali ataletsedwa kale mu 1967, ndipo ambiri anathawira ku Zambia ndi ku Mozambique. Tsono timagulu ta akhristu tosankha tokha atsogoleri ake, tokambirana za moyo wa pamudzi popanda wapampando wa chipani, tinaoneka ngati chipani china chobisalira m'tchalitchi. Mu 1976 Ambuye Kalilombe anakakamizika kuchoka m'dziko, ndipo mu 1979 anatula pansi udindo wawo wa uepiskopi wa Lilongwe. Mwana wa ng'ona sakulira dziwe limodzi: anakachita maphunziro a udokotala ku Berkeley m'dziko la America, kenaka anaphunzitsa ku Selly Oak mumzinda wa Birmingham ku England, kumene anatsogolera ntchito yogwirizanitsa mipingo ya anthu akuda ndi ya azungu. Anabwerera kwawo mu 1996, patatha zaka 20, naphunzitsa ku Chancellor College ku Zomba mpaka ukalamba. Anamwalira mu Seputembala 2012. M'zolemba zake, monga buku lotchedwa Doing Theology at the Grassroots la mu 1999, mwana wobadwira pakati pa mkangano wa Nyau ndi mishoni anaphunzitsa kuti Mulungu sanayambe kuyankhula ndi makolo athu tsiku limene amishoni anamanga tenti pa Nadzipokwe.

Chaka chomwecho cha 1958 chimene Kalilombe anadzozedwa, kunadzozedwanso mnyamata wina wa ku Kasina ndi ku Kachebere, Emmanuel Milingo, wobadwa mu 1930 kwa Mnukwa pafupi ndi Chipata. Ubwana wake unathera kubusa, ndipo anayamba sukulu ali ndi zaka 12. Mu Ogasiti 1969 Papa Paul VI anamudzoza ku Kampala kukhala arkiepiskopi wa Lusaka. Nayenso ankafunsa funso longa la Kalilombe, loti Mpingo uyankhe bwanji mavuto enieni a munthu wa mu Africa, koma analiyankha mwanjira ina. Kuyambira 1973 anayamba kupempherera odwala ndi ogwidwa mizimu yoipa, ndipo anthu miyandamiyanda ankakhamukira kwa iye. Akuluakulu a Mpingo sanakondwe nazo. Mu 1982 anamuitanira ku Roma, ndipo mu 1983 anasiya udindo wake wa ku Lusaka. Mu 2001 anakwatira Maria Sung ku New York pamwambo wa mpingo wa Sun Myung Moon. Mu 2006 anadzoza amuna anayi okwatira kukhala aepiskopi popanda chilolezo cha Papa, motero anachotsedwa mu Mpingo, ndipo mu 2009 anavulidwa unsembe. Anthu amaweruza mbiri yake mosiyanasiyana. Kwa ife phunziro lake n'lakuti sukulu imanola mpeni, koma siitsata mwini mpeniyo kukaona chimene akudula.

Wina wa kum'mawa kwa Zambia amene anaphunzira ku Kachebere ndi Medardo Joseph Mazombwe, wobadwa mu 1931 ndi kudzozedwa unsembe mu 1960. Anatsogolera dayosizi ya Chipata kuyambira 1971, kenaka anakhala arkiepiskopi wa Lusaka kuyambira 1996 mpaka 2006. Iye nkhondo yake inali yolimbana ndi ngongole. Mtengo wa mkuwa utagwa m'zaka za m'ma 1970, dziko la Zambia linamira m'ngongole za kunja, moti ndalama zoyenera kugulira mankhwala ndi mabuku zinkathera kubweza chiwongoladzanja. Ambuye Mazombwe anali mmodzi wa atsogoleri a mipingo amene analimbikira kunena kuti nkhani ya ngongole ndi ya chilungamo, pakuti amene ankailipira ndi moyo wawo anali ana osauka amene sanakongole kanthu. Ntchito ya Jubilee 2000 inafalitsa mfundoyi padziko lonse, ndipo kuyambira 2005 gawo lalikulu la ngongole ya Zambia linakhululukidwa. Mu Novembala 2010 Papa Benedict XVI anamukweza kukhala kadinala, mbadwa yoyamba ya Zambia kulandira ulemu umenewu. Anamwalira mu Ogasiti 2013.

Kuno kwathu, tsiku limene ana a Kachebere anagwedeza dziko linali Lamulungu la pa 8 Malichi 1992, loyamba m'nyengo ya Lenti. M'matchalitchi a Katolika m'dziko lonse munawerengedwa kalata ya aepiskopi, imene makope ake 16,000 anasindikizidwa mwakachetechete ku Balaka m'Chichewa, m'Chitumbuka ndi m'Chingerezi. Anaisayina anali asanu ndi awiri. Awiri anali amishoni, Alessandro Assolari wa ku Mangochi ndi John Roche wa ku Mzuzu. Asanu anali Amalawi: James Chiona wa ku Blantyre, Mathias Chimole wa ku Lilongwe, Felix Mkhori wa ku Chikwawa, Allan Chamgwera wa ku Zomba ndi Gervazio Chisendera, amene analowa m'malo mwa Ambuye Chitsulo ku Dedza. Ameneawa anali a m'badwo umene unasulidwa pamene Kachebere inali seminale yaikulu yokhayo m'dziko muno. Ambuye Chiona, mwachitsanzo, anachoka ku Nankhunda kupita ku Kachebere, nadzozedwa unsembe mu 1954, ndipo mu 1967 anakhala Mmalawi woyamba kukhala arkiepiskopi wa Blantyre.

Kalatayo siinatukwane munthu. Inangoyala poyera zimene aliyense ankadziwa koma ankaopa kunena: kusiyana kwakukulu pakati pa olemera ndi osauka, malipiro ochepa a antchito, mitengo yotsika imene alimi ankagulitsira mbewu zawo, kuthithikana kwa ana m'makalasi, kusowa kwa mankhwala, kutsekera anthu popanda kuwazenga mlandu, ndi mantha amene anatseka pakamwa pa mtundu wonse. Mphamvu yake inali m'kayalidwe ka mfundo. Inayambira pa ulemu umene munthu aliyense ali nawo, ndipo kuchokera pamenepo inaonetsa chimodzichimodzi zimene ulemuwo umafuna kusukulu, kuchipatala, kuntchito ndi kubwalo la milandu. Umu ndi momwe ophunzira a filosofi amaphunzirira kumanga mfundo. Boma linapsa mtima. Apolisi anapanikiza aepiskopiwo ndi mafunso kwa maola ambiri ku Blantyre, kalatayo inalengezedwa kuti ndi youkira boma, nyumba yosindikizira mabuku ya ku Balaka inatenthedwa, ndipo mu Epulo John Roche anapitikitsidwa m'dziko. Koma madzi akatayika saoleka. Ophunzira a ku Chancellor College anayenda m'misewu ya Zomba kugwirizana ndi aepiskopi, Chakufwa Chihana anabwera pa 6 Epulo kudzanena poyera za ufulu, ndipo mipingo ina pamodzi ndi Asilamu inalowa nawo m'zokambirana. Pa riferendamu ya pa 14 Juni 1993 anthu oposa 60 mwa 100 alionse anasankha ndale za zipani zambiri, ndipo chisankho chinachitika pa 17 Meyi 1994. Chimene chinapitikitsa Kalilombe ali yekha mu 1976 chinalephera kugonjetsa atsogoleri a Mpingo asanu ndi awiri ogwirizana. Mutu umodzi susenza denga.

Tingalakwe kwambiri titawerenga ana a seminale potchula okhawo amene anavala chisoti cha uepiskopi. Mwa anyamata olowa ku Mua, ku Kasina ndi ku Kachebere, ofika pa unsembe anali ochepa. Ambiri anapatukira panjira, ndipo ena mwa iwo anabwerera kumudzi ndi manyazi, anthu akuwanena kuti alephera. Koma maphunziro aja sanatsale pachipata. Anthu ameneawa ndiwo anakhala aphunzitsi m'sukulu za mishoni, akatekisiti, makalaliki a m'maofesi a boma, omasulira m'mabwalo a milandu ndi oimbitsa makwaya. Ambiri a ife tinaphunzitsidwapo Chingerezi kapena mbiri yakale ndi mphunzitsi wokhwimitsa galamala, wodana ndi yankho lopanda chifukwa, amene pambuyo pake tinamva kuti anadutsa ku seminale. Maina awo sanalembedwe m'mabuku, komabe dziko litalandira ufulu mu 1964, lili ndi anthu ophunzira owerengeka, linatsamira pa anthu otere.

Sitinganenenso kuti sukuluyi inalibe zilema. Inali ya anyamata okha, choncho alongo awo, ngakhale anzeru chotani, analibe khomo lofanana nalo. Inkachotsa mwana pakati pa abale ake ali wamng'ono, ndipo m'zaka zoyamba inkamuphunzitsa kuona miyambo yambiri ya kwawo ngati yachikunja. Mnyamata ankatha kulakatula mbiri ya Roma, koma osadziwa bwino za Kalonga, Undi ndi Lundu kapena za kachisi wa ku Msinja. Chodabwitsa n'chakuti amene anaona chilema chimenechi ndi kuyamba kuchichiza anali ana a sukulu yomweyo, pogwiritsa ntchito zida zimene inawapatsa. Ndipo pa Mua pomwepo zinthu zinatembenuka. Mu 1976, chaka chimene Kalilombe anachoka m'dziko, wansembe wa ku Canada, Bambo Claude Boucher, amene Achewa anamupatsa mfunda wa Chisale, anayambitsa malo a zaluso ndi zachikhalidwe a KuNgoni. M'nyumba ya Chamare munasonkhanitsidwa zigoba za Gule Wamkulu mazanamazana pamodzi ndi matanthauzo ake, pamalo pomwe kale mkhristu ankatsekeredwa masakramenti chifukwa cha Nyau. Mu 2005 bungwe la UNESCO linalengeza kuti Gule Wamkulu ndi chuma cha anthu a padziko lonse.

Masiku ano makolo ndi ophunzira ambiri amafunsa za phunziro lililonse kuti, kodi limeneli lidzandipatsa ntchito yanji? Funsoli n'loyenera, pakuti njala siidziwa Chilatini. Dziko likufuna madokotala, alangizi a zaulimi, amisiri ndi akatswiri a makompyuta. Koma mbiri ya ana a pa Mua ikutikumbutsa kuti dziko limafunanso anthu odziwa kuwerenga mozama, kuyeza mfundo, kulemba momveka ndi kuima pa choona zinthu zikavuta. Palibe mphunzitsi wa ku Kasina amene ankadziwa kuti mwa anyamata olimbana ndi galamala ya Chilatini m'kalasi mwake muli wina wodzayambitsa miphakati. Palibe wa ku Kachebere amene ankalota kuti ophunzira ake adzalemba kalata yotsegula pakamwa pa mtundu wonse. Iwo ankangophunzitsa chiyankhulo, mbiri, nyimbo ndi kaganizidwe, tsiku ndi tsiku, kwa ana a alimi ndi asodzi. M'mera mpoyamba. Wophunzira amene lero akuvutika ndi chimangirizo, ndakatulo kapena mbiri yakale, namadzifunsa phindu lake, akumbukire kuti Cornelio Chitsulo ndi Patrick Kalilombe anayambira pa ntchito yonga yomweyo, m'midzi ya kunsi kwa mapiri a Dedza.